Ndikadye chiyani ku Florence?

Abale, ndithandizeni. Mwezi wamawa ndikakhala ku Florence, mzinda wa ku Italy, masiku atatu okha, ndipo sindikufuna kumangodya pizza. Ndamva za lampredotto, chifu cha ng'ombe chowiritsa chomwe amachiika mu buledi, buledi wakeyo atamunyika kaye mu msuzi. Zam'kati ife timazidziwa, ndiye chimenecho sindikuchiopa. Koma ndikagule ku msika waukulu wa Mercato Centrale kapena pa timaokala ta m'mbali mwa msewu?

Yomwe ikundisowetsa mtendere ndi bistecca alla fiorentina, nyama ya ng'ombe yowotcha. Akuti nyama yake imakwana kilogalamu, ndipo mkati imakhala ikadali yofiira. Munthu ukapempha kuti aiwotchenso ipse bwinobwino, sakuona ngati wamwano?

Nanga ribollita, supu ya nyemba, masamba ndi buledi wogona, ingakhutitse munthu wozolowera nsima?