Amene munakulira ku Mozambique kuyambira nthawi ya Samora mpaka 1994, zinali bwanji?

MwanaWaAngonia:
Akuluakulu ndithandizeni. Bambo anga kwawo ndi ku Angónia, anathawira ku Ntcheu ali mnyamata nkhondo itafika povuta, koma ndikawafunsa amangoti "zinadutsa izo" basi. Ndikufuna ndidziwe, kukula pomwe dziko likusiya chikomyunizimu kulowa zipani zambiri, inuyo munkaziona bwanji?

MkuluWaKuUlongwe:
Mwana wanga, ine ndi wa 1974. Tili ana aliyense ankatchedwa camarada (komuredi), kusukulu nyimbo za Frelimo m'mawa uliwonse, ndipo munthu sumangodzuka n'kupita ku Tete ayi, umafunika kachikalata kotchedwa guia de marcha. Ku loja do povo, shopu ya boma, mayi anga ankaima pamzere kuyambira mbandakucha n'kubwerako opanda ngakhale sopo, mchere tinkachita kukagula ku Lizulu, paja malire ake ndi msewu womwewo. Samora atafa pa ndege mu October 1986 ndinali ndi zaka 12, aphunzitsi athu analira pamaso pathu. Malamulo a zipani zambiri anabwera 1990 koma kumudzi sitinaone kusintha kulikonse, mfuti zinali kulirabe, tikugona kutchire. Tsiku lomwe tinalimva m'thupi ndi 4 October 1992, Pulezidenti Chissano ndi Dhlakama, mtsogoleri wa Renamo, atasainirana pangano la mtendere ku Rome. Mu 1994 ndinavota ndili ndi zaka 20, inki ija pachala sindinkafuna ichoke.

NaPhiri_Dedza:
Ife kuno tinawalandira, othawa nkhondo anafika cha m'ma 1 miliyoni m'dziko muno. Mnzanga wapabenchi kupulayimale anali wa uko, ndege ikangodutsa ankalowa pansi pa desiki. Bambo anuwo musawakakamize achimwene, ena anaona zoti pakamwa sizituluka. Mnzangayo anabwerera kwawo 1993, mpaka lero ndimamusowa.

Sekuru77:
Osaiwalanso za ndalama. Kuyambira 1987 boma litagwirizana ndi IMF katundu anayamba kudzadza m'mashopu koma ndalama ya metical inagwa, zinthu umangoziona ndi maso. Malume anga ankagwira ntchito ku East Germany, 1990 anawabweza, anafika ndi wailesi yayikulu ndi jekete yachikopa koma ndalama zomwe ankawadula pamalipiro sanazione zonse. Anzawo aja amawati Madgermanes amaguba ku Maputo Lachitatu kufuna ndalama zomwezo.

MwanaWaAngonia:
Zikomo kwambiri nonse, amayi a ku Dedza ndamva. Za guia de marcha sindinazimvepo, Loweruka ndikupita kumudzi ndikayambira pamenepo pang'onopang'ono, mwina akamasuka.