Bambo a kwathu awachotsa ntchito ya ukondakitala osamva mbali yawo, asaine kalata yosiya okha?

Abale anga pa gulu pano, ndabisa dzina chifukwa nkhaniyi ikadali yaiwisi. Bambo a kunyumba kwathu agwira ukondakitala pa kampani ina ya mabasi zaka 9, osalandirapo chenjezo ngakhale limodzi. Masabata awiri apitawa makina odulira matikiti anazima basi ili pamsewu. Anaimba foni ku depoti, ndipo anawauza kuti apitirize ulendo, azilemba pamanja. Insipekitala atakwera anapeza anthu anayi alibe matikiti, ndalama zawo zili m'chikwama cha bambo. Pepala lomwe ankalembapo anamuonetsa, iye osaliyang'ana n'komwe.

Lachisanu anawaitana ku ofesi. Iwo ankayesa akukafotokoza, moti malaya anasita usiku, pepala lija n'kuliika mu envulopu. Anakapeza kalata yowachotsa ntchito italembedwa kale, mlandu wake kuba ndalama za kampani. Envulopu ija anabwera nayo yosatsegula. Bwana wawo akuti akafuna asaine kalata yoti asiya okha ntchito kuti mbiri yawo isaipe, ndipo awapatsa mpaka Lachitatu.

Chikundiwawa ine ndi liwu loti kuba. Munthuyu sakugona. Kodi asaine? Nanga kampani ili ndi mphamvu yochotsa munthu osamumva?

Yankho loyamba

Mayi, asasaine. Akasaina, mawa kampaniyo idzati sitinamuchotse, anachoka yekha, ndiye mlandu udzakuvutani. Ndinakhalapo nthumwi ya yuniyoni, kalata zoterezi ndaziona.

Pangano nambala 158 la bungwe la ILO, loona za ntchito pa dziko lonse, la chaka cha 1982, limanena momveka. Gawo 4 likuti munthu asachotsedwe popanda chifukwa chenicheni. Gawo 7 likuti ngati nkhani ndi ya khalidwe kapena kagwiridwe ka ntchito, ayambe wapatsidwa mpata wodziteteza. Gawo 8 limamupatsa ufulu wokadandaula ku khoti kapena bwalo losakondera mbali. Si mayiko onse anavomereza panganoli, koma malamulo a ntchito a mayiko ambiri amayenda m'njira yomweyo.

Simunatchule dziko, ndiye fulumirani kufunsa za nthawi yodandaulira, imasiyana. Ku South Africa ndi masiku 30 okha kuti nkhani ifike ku CCMA, bungwe lothetsa mikangano ya pa ntchito. Pitani ku ofesi ya zantchito sabata ino, musadikire kuti abwana afewe mtima.

Yankho lachiwiri

Ndine dalaivala. Umboni wa m'basi suchedwa kufufutika, achemwali. Makamera ambiri amajambula pamwamba pa zakale pakapita masiku. Alembe kalata lero yopempha kuti kanema wa tsiku limenelo asungidwe, pamodzi ndi lipoti la kuwonongeka kwa makinawo. Kalatayo ikhale iwiri, ina aidinde ku ofesi abwere nayo. Foni imene anaimbira ku depoti ajambule nambala ndi nthawi yake. Dalaivala amene anali naye tsikulo anaona zonse, koma musadabwe akayamba kuzengereza, nayenso ali ndi ana.

Yankho lachitatu

Zonsezi n'zoona, koma tiwauzenso mbali inayo. Kusamumva munthu ndi cholakwa cha kampani, inde, koma bwalo limafunsanso ngati mlanduwo unalipodi. Likapeza kuti unalipo, chipukuta misozi chimatha kuchepa, ndipo kubwezeretsedwa pa ntchito n'kovuta. Mkulu wanga anawina mlandu wotere patapita nthawi yaitali, atatopa nawo kale. Ndiye afunseni bambowo mofatsa: ndalama za anthu anayi aja zikugwirizana ndi zomwe zili papepalapo? Nanga malamulo a kampani amati chiyani makina akazima?

Mwini funso

Zikomo nonse. Ndawafunsa, akuti ndalama zinakwana ndendende, ndipo anazipereka kwa kashiya madzulo omwewo, lisiti ali nalo. Foni ikuonetsa kuti anaimba nthawi ya 9:40 m'mawa, anayankhula mphindi ziwiri. Sasaina. Kalata yopempha kanema tikulemba usiku uno. Bambo a yuniyoni, ndifunseko ichi: kalata yowachotsa ija ikuti atha kuchita apilo mkati mwa kampani momwemo. Tikayamba ndi apiloyo, masiku odandaulira ku ofesi ya zantchito amaima kaye, kapena amangowerengedwabe?