Gulu la banja: chithunzi cha chifuwa cha atate

Chisamba: Mwaswera bwanji nonse. Tangobwera kumene ku Chipata Central ndi atate. Awajambula X-ray ya chifuwa. Makhololo amene tinapereka Lolemba aja akuti mulibe TB.

Azakhali: Mulibe TB? Nanga kutsokomola konse kuja n'chiyani?

Chisamba: Adokotala akuti mtima wakula, ndiye madzi akudzaza m'chifuwa. Atipatsa mapiritsi okodzetsa, ati mchere tichepetse m'ndiwo. Atilembera kalata ya ku National Heart Hospital ku Lusaka kuti akawaunike bwino.

Azakhali: Ndi fumbi la mgodi limenelo. Alongo anga anakalambira pansi pa nthaka ku Mufulira. Awalipire eni mgodi, osati ife.

Anesi: Achemwali, tatumizani chithunzicho. Muchigwire pa windo kuti kuwala kuchokere kumbuyo, osayatsa flash.

Chisamba: [chithunzi]

Mzime: Ine ndikungoona nthiti 😅

Anesi: Iwe khala chete. Pakuda paliponse ndi mpweya, ndiwo mapapo. Zoyera ndi mafupa, mtima ndi madzi. Onani choyera chachikulu pakatipo, ndiwo mtima. Mtima wabwino sumapitirira theka la kutambalala kwa chifuwa, koma wa atatewu wadutsa patali. Achemwali, anawajambula ali chiimire kapena ali gone?

Chisamba: Chiimire. Chifuwa anachigunditsa pa chitsulo chija, ati kokani mpweya musautulutse. Anavutika nawo mpaka kawiri.

Anesi: Ndiye kukulako n'koona. Munthu akamujambula ali pabedi, mtima umaoneka waukulu kuposa mmene ulili. Tayang'ananinso m'munsi m'makona awiriwo. Pamayenera kusongoka, koma apa pafufutika n'kuyera. Ndiwo madzi aja. Mtima ukafooka sumapopa bwino, magazi amachita kudikirirana, madzi n'kumatsalira m'mapapo ndi m'miyendo. N'chifukwa chake nsapato zinasiya kuwakwana, ndipo usiku amagona chokhala.

Aphunzitsi: Ine ndinkati ndi ukalamba chabe.

Azakhali: Ndi fumbi ndati.

Anesi: Azakhali, matenda a fumbi la mgodi alipodi, silicosis. Koma pa X-ray amaoneka ngati timadontho tambirimbiri, makamaka kumtunda kwa mapapo. TB nayonso imakonda kumtunda komweko, nthawi zina imaboola mphako. Ine pa foni sindingagamule, adokotala ndiwo anaona chithunzi chenicheni. Mukafuna za fumbi, amene anagwira ntchito m'migodi amakawapima ku Kitwe. Umenewo ndi ulendo wina, ndalama zinanso.

Amalume: Poti mwatchula ndalama. Tinagwirizana K400 munthu aliyense. Alowetsa ndi Chisamba, Anesi, Aphunzitsi K250, ndi ine. Ena ndikudikira. Nambala ya Airtel Money ndi yomwe ija.

Aphunzitsi: Yotsalayo pa mapeto a mwezi, amalume. Mukudziwa.

Amalume: Ndikudziwa. Ndinadziwanso nthawi ya chiliza.

Aphunzitsi: Tisapite kumeneko.

Mzime: Ine ndili pasukulu, musandiwerengere.

Chisamba: Koma bando ya TikTok siikusowa.

Mzime: Eee achemwali 🙈 Koma funso. Ngati X-ray yaonetsa kale, ku Lusaka tikukatani? Makilomita oposa 500 ndi munthu wopuma movutikira?

Anesi: X-ray imangoonetsa chithunzithunzi cha mtima, kuti wakula. Siinena chaukulitsa. Echo ndiyo imaonetsa mkati mtima ukugunda, ngati sikani ya amai oyembekezera ija. Amaona ngati ma valve, tizitseko ta mumtima, akutseka bwino, ngati minofu yafooka, kapena ngati ndi madzi azungulira mtima. Mwina ndi BP ija anasiya kumwera mankhwala chaka chatha. Mankhwala ake amasiyana, ndiye osangoganizira.

Chisamba: Anasiya chifukwa ena anawabweretsera mizu m'botolo. Sinditchula dzina.

Azakhali: Uthenga uwu wafufutidwa.

Azakhali: Ine ndinena chimodzi. Ndi fumbi.

Amalume: Achimwene a ku Lusaka, mwawerenga zonse, timizere tabuluu tikuoneka. Atate anu akafikira kwanu ku Chelstone. Tiyankheni.

Aphunzitsi: Bwanji tigulitse mbuzi ziwiri za atate? Nc'wala yayandikira, ku Mtenguleni okazinga nyama azigula mtengo wabwino.

Azakhali: Mbuzi ziti? Yamawanga ija ndi yanga. Make ndinawasungitsa ine.

Aphunzitsi: Make anadyedwa pamaliro, azakhali.

Azakhali: Ndiye chifukwa chake mwana wake ndi wanga.

Mzime: Mukapita ku Nc'wala munditengeko.

Alamu: Mulungu akhudze atate 🙏🙏

Amalume: Amen. Alamu, amuna anu ali pafupi? Tikufuna K400 ndi malo ogona.

Chisamba: Tabwererani pa nkhani. Ine ndi amene ndikugona pa mphasa pafupi nawo, kumvetsera kupuma kwawo usiku wonse. Mapiritsi aja akuwadzutsa kanayi kupita kuchimbudzi, woperekeza ndi ine ndemwe. Basi ya anthu awiri kupita ndi kubwera, chakudya, taxi ya ku chipatala. Sindingathe ndekha.

Anesi: Pepani achemwali. Mapiritsi okodzetsawo muwapatse m'mawa, osati madzulo, pokhapokha ngati adokotala ananena zina. Ndipo mbaula ya malasha isalowe m'chipinda chawo, ngakhale kuzizire. Fodya wa balani uja mwawalanda?

Chisamba: Ndinalanda. Ndapezanso wina m'thumba la jekete ya ku tchalitchi.

Anesi: Akayamba kubanika ali chikhalire, kapena milomo ikada, musadikire za Lusaka, thamangani nawo ku chipatala usiku womwewo. Paulendo musaiwale chithunzicho, kalata ija, chiphaso cha NRC ndi mapepala onse a mankhwala. Chithunzi musachipinde. Chakale chija cha nthawi ya chibayo chilipo? Madokotala amakonda kufananiza, aone ngati mtima wakula posachedwa kapena kale.

Chisamba: Chinali m'sutikesi ya amai. Sutikesiyo inapita ndi amene anaitenga.

Azakhali: Ndikaona.

Amalume: Pakali pano tili ndi K1,450. Sikwanira. Azakhali, inu simunalowetse.

Azakhali: Ine ndalama za chimanga sizinabwere. Komanso ndati alipire ndi a mgodi.

Amalume: A mgodi sali pa gulu lino.

Achimwene Lusaka: Ndili mu miting'i, ndiimba.

Amalume: Munatero Lachisanu.

Alamu atuluka pa gulu.

Mzime: 👀

Chisamba: Kalata ikuti tikafike Lachinayi sabata yamawa. Matikiti ndigula Lachiwiri. Wina andiuze kuti tikatsika basi pa siteshoni ya Intercity tikulowera kuti.

Aphunzitsi: Nanga mbuzi tigulitse kapena ayi?

Azakhali: Yakuda gulitsani. Yamawanga musaikhudze.