N'chifukwa chiyani Richardson ndi Sullivan anamwalira alibe chuma pamene nyumba zawo zinali zotchuka?

Nambewe

Ndikupempha nzeru kwa inu akuluakulu amene mumatsata mbiri ya zomangamanga. Pa akatswiri ojambula mapulani a nyumba amene dziko la America linali nawo m'zaka za m'ma 1800, mayina awiri amene amatchulidwa kawirikawiri ndi a Henry Hobson Richardson ndi Louis Sullivan. Woyambayo ndi amene anajambula tchalitchi cha Trinity mumzinda wa Boston, chimene chinatha kumangidwa mu 1877, ndipo wachiwiriyo ndi mwini pulani ya Wainwright Building ya ku St. Louis ya mu 1891, imene ambiri amati ndiyo inaonetsa kuti nyumba yaitali yosanjikizana ikhoza kukhalanso yokongola. Chimene chikundizunguza mutu n'chakuti Richardson anamwalira mu 1886 ali ndi zaka 47 zokha, atasiyira banja lake ngongole zambiri, pamene Sullivan anatsirizikira m'chipinda cha hotela yotsika mtengo ku Chicago mu 1924, akudalira thandizo la anzake. Kodi vuto linali mwa anthu awiriwa, kapena ntchito yojambula mapulaniyo payokha sinkalemeretsa munthu m'masiku amenewo?

A Gama

Mayi Nambewe, funso lanu ndi lomveka, koma ndikuona kuti anthu awiriwa tisawaike mumtanga umodzi, chifukwa mavuto awo sanachokere kumodzi. Richardson sanasowe ntchito m'zaka zake zomaliza, ndipo imfa inamupeza ntchito zitamuchulukira kwambiri. Ine ndilankhula za iyeyu, za Sullivan ena awonjezera.

Tiyenera kukumbukira kuti ntchito imeneyi inali isanakhazikike ngati ya udokotala kapena ya uloya. Nyumba zambiri zinkamangidwa ndi akalipentala ndi amisiri a njerwa amene ankangotengera zithunzi za m'mabuku, moti anthu achuma ambiri sankaona chifukwa cholipirira munthu amene manja ake sakhudza matope. Bungwe la akatswiriwa, American Institute of Architects, linakhazikitsidwa mu 1857, ndipo mu 1861 Richard Morris Hunt, munthu woyamba wa ku America kuphunzira pa sukulu ya zaluso ya École des Beaux-Arts ku Paris, anachita kukasuma kukhoti kuti mkulu wina wolemera wa ku New York amulipire pa mapulani amene anajambula. Lamulo loti katswiri azikhala ndi chiphaso linayambira ku Illinois mu 1897, Richardson atamwalira kale. Malipiro amene anazolowereka anali 5 peresenti ya mtengo wa nyumba, ndipo pa ndalama yomweyo katswiri ankalipira anyamata ojambula, lendi ya ofesi komanso maulendo a sitima okayendera ntchito m'mizinda yotalikirana. Nyumba ikangotha, phindu lonse la zaka zam'tsogolo linkapita kwa mwini wake.

Richardson anabadwira ku Louisiana mu 1838 m'banja lopeza bwino, anaphunzira ku Harvard, kenako mu 1860 analowa sukulu ya ku Paris ija. Nkhondo yapachiweniweni itabuka ku America mu 1861, ndalama zochokera kwawo kummwera zinasiya kufika, ndipo anakakamizika kulowa ntchito mu ofesi ya katswiri wina wa ku Paris kuti azipeza chakudya. Anabwerera ku America mu 1865 alibe chuma choyambira. Dzina lake linamveka mu 1872 pamene anapambana mpikisano wa tchalitchi cha Trinity. Malo a Back Bay, pamene tchalitchichi chili, anali dambo lochita kukwiriridwa, choncho nyumba yonseyo pamodzi ndi nsanja yake yolemera inakhazikidwa pa mitengo pafupifupi 4,500 yokhomeredwa pansi, imene iyenera kukhala yomira m'madzi nthawi zonse kuti isawole. Kamangidwe kake, ka miyala ikuluikulu yosasalaza ndi makomo akuya okhota pamwamba ngati uta, kanatengeredwa m'dziko lonse mpaka kupatsidwa dzina la Richardsonian Romanesque. Mu 1885 magazini ina ya zomangamanga itafunsa akatswiri kuti atchule nyumba 10 zabwino koposa mu America, 5 mwa izo zinali zake, ndipo Trinity ndiyo inali pamwamba.

Ngongole zinabwera chifukwa cha makhalidwe ake komanso kufupika kwa moyo wake. Kuyambira mu 1874 ankakhala m'nyumba ya lendi ku Brookline ndi mkazi wake ndi ana 6, ofesi yake ili pomwepo, ndipo ankakonda kuchereza alendo ndi chakudya chapamwamba, kugula mabuku ndi zithunzi za nyumba za ku Ulaya, osawerengera za mawa. Matenda a impso anamufooketsa kwa zaka zambiri. Pamene ankamwalira, nyumba ya khoti ndi ndende ya Allegheny County ku Pittsburgh komanso sitolo yopikulitsa katundu ya Marshall Field ku Chicago zinali zisanathe, ndipo anazimaliza ndi omuthandiza ake atatu, Shepley, Rutan ndi Coolidge, amene kampani yawo inakula n'kukhala yolimba. Maganizo anga ndi akuti akanakhala ndi moyo zaka zina 10, ngongolezo zikanatha, chifukwa makasitomala anali kumusaka okha.

Mmisiri wa ku Ndirande

Zikomo bambo Gama chifukwa cha kufotokoza kwanu. Ine ndimagwira ntchito yomanga, choncho nkhani ya Sullivan ndimaiona kuchokera ku mbali ya ntchito, ndipo ndikukhulupirira kuti sitingaimvetse popanda kutchula Dankmar Adler.

Moto umene unapsereza Chicago mu Okutobala 1871 unasiya anthu pafupifupi 100,000 alibe pokhala, ndipo mzindawo utayamba kumangidwanso, malo apakati pa tawuni anakwera mtengo kwambiri, moti eni malo anafuna kumanga chokwera m'mwamba. Chikepe chinalipo kale, poti cha kampani ya Otis chinayamba kunyamula anthu m'sitolo ina ya ku New York mu 1857. Chovuta chinali khoma. Khoma la njerwa likamanyamula nyumba yonse, limayenera kunenepa pansi malinga ndi kutalika kwa nyumbayo, ndipo umboni wake ndi Monadnock Building ya ku Chicago, yojambulidwa ndi akatswiri Daniel Burnham ndi John Root, ya nsanjika 16, imene makoma ake apansi ndi onenepa pafupifupi mamita awiri. Aliyense amene anayalapo njerwa akudziwa kuchuluka kwa malo ochitira malonda ndi kuwala kumene khoma lotere limadya. William Le Baron Jenney anasonyeza njira ina pa Home Insurance Building mu 1885, pamene mafelemu a chitsulo ananyamula mbali yaikulu ya kulemera, khoma n'kuyamba kusanduka chofunda chabe.

Sullivan, amene anagwirapo ntchito kwa Jenney ali mnyamata wa zaka 17, anagwirizana ndi Adler n'kutsegula kampani ya Adler & Sullivan mu 1883. Adler anabadwira ku Germany, anali mwana wa rabi, ndipo ndi amene ankadziwa za maziko, za kayendedwe ka mawu m'holo, za mitengo ya zipangizo, komanso ndi amene ankabweretsa makasitomala n'kuwasunga. Sullivan ankapereka maonekedwe ndi zokongoletsa zake za masamba ndi maluwa zoumbidwa ndi dothi lootcha kapena chitsulo. Auditorium Building ya mu 1889, imene inaphatikiza holo ya anthu oposa 4,000, hotela ndi maofesi pa dothi lofewa la m'mbali mwa nyanja ya Michigan, inatheka chifukwa cha awiriwa pamodzi, ndipo makoma ake akunja akuonetsa poyera kuti Sullivan anaphunzira zambiri poona sitolo ya Marshall Field ya Richardson. Pa Wainwright, Sullivan anakana kubisa kutalika kwa nyumba. Anaika nsanjika ziwiri zapansi ngati tsinde, maofesi ofanana pakati ndi nsanamira zoongoka zokokera maso m'mwamba, ndi chisoti chokongoletsedwa pamwamba.

Mu 1893 chuma cha America chinagwa, mabanki ambiri anatsekedwa, ndipo ntchito zomanga zinaima. Mu 1895 Adler anachoka kukalowa ntchito kukampani yopanga zikepe kuti adyetse banja lake. Sanakhalitseko, koma atafuna kubwerera awiriwa sanagwirizanenso, ndipo chimodzi mwa zimene zinamupweteka Adler n'chakuti Sullivan anachotsa dzina lake pa zojambula zofalitsidwa za Guaranty Building ya ku Buffalo. Adler anamwalira mu 1900. Akuluakulu anati mutu umodzi susenza denga, ndipo kuyambira pamenepo Sullivan anali katswiri wopanda womufunira ntchito, waukali polankhula ndi makasitomala, komanso womwa mowa kwambiri. Sitolo ya Schlesinger & Mayer, imene pambuyo pake inadziwika kuti Carson Pirie Scott, ndiyo inali ntchito yake yaikulu yomaliza. Mu 1909 anagulitsa mabuku ake ndi katundu wa m'nyumba pa okushoni, ndipo mu 1918 anachoka mu ofesi yake ya m'nsanja ya Auditorium, nyumba imene anaijambula iye ndi Adler, chifukwa cholephera lendi.

Mayi Nachisale

Ndikugwirizana nanu, achimwene a ku Ndirande, pa nkhani ya Adler, ndipo ndakondwa kuti simunathamangire kunena kuti Sullivan anagwetsedwa ndi chionetsero chachikulu cha maiko ambiri chimene chinachitikira ku Chicago mu 1893, monga ambiri amanenera. Iye mwini ndi amene anafalitsa maganizo amenewo, polemba chakumapeto kwa moyo wake kuti kuwononga kwa chionetserocho kudzatenga zaka 50. N'zoona kuti nyumba zoyera za nsanamira zotengera ku Roma ndi ku Greece, zimene Daniel Burnham anayang'anira, zinakopa anthu mamiliyoni ambiri, ndipo maboma a mizinda ndi mabanki anayamba kufuna zoterozo. Komabe nyumba zazitali za chitsulo sizinasiye kumangidwa, ndipo ena anapitiriza kupeza nazo ndalama.

Apa ndi pamene ndikufuna kuyankha mbali yachiwiri ya funso la achemwali a Nambewe. Ntchitoyi inkalemeretsa ndithu, koma inkalemeretsa amene anaiyendetsa ngati bizinesi kapena amene anali pafupi ndi mabanja achuma. Burnham analephera mayeso olowera ku Harvard ndi ku Yale, ndipo luso la pensulo linali kwa mnzake John Root, amene anamwalira ndi chibayo mu Januwale 1891 ali ndi zaka 41. Naye Burnham anataya mnzake, ngati Sullivan, koma iye ndi amene anali wodziwa kukopa makasitomala, choncho anangolemba ntchito ojambula ena, ndipo pamene ankamwalira mu 1912 kampani yake inali m'gulu la zikuluzikulu padziko lonse. Hunt nayenso anamwalira mu 1895 ali wolemekezeka, atajambulira banja la Vanderbilt nyumba za The Breakers ndi Biltmore. Sindikunena kuti awiriwa anali amisiri oposa Sullivan, pakuti kwa ine Guaranty Building ikuposa chilichonse chimene ofesi ya Burnham inatulutsa Root atamwalira.

Tisaiwalenso amene sanapatsidwe mpata ngakhale wolowa m'ngongole zoterozo. Sophia Hayden, amene anamaliza maphunziro ku sukulu ya ukachenjede ya MIT mu 1890, anapambana mpikisano wojambula Woman's Building ya pa chionetsero cha ku Chicago chija, ndipo analandira madola 1,000, ndalama yochepa kwambiri poyerekeza ndi imene amuna analandira pa nyumba zawo. Anavutitsidwa ndi kusinthasintha kwa komiti mpaka kudwala, ndipo sanamangenso nyumba ina. Louise Bethune wa ku Buffalo, mayi woyamba kulandiridwa mu American Institute of Architects mu 1888, anakana kulowa mpikisanowo chifukwa cha kusiyana kwa malipiroko. Robert Taylor, munthu wakuda woyamba kumaliza maphunziro ku MIT mu 1892, anakagwira ntchito ku sukulu ya Tuskegee ku Alabama, kumene ophunzira ankaumba okha njerwa zomangira nyumba zimene iye ankajambula.

Nambewe

Ndathokoza kwambiri nonse, tsopano ndaona kuti ndinaphatikiza nkhani ziwiri zosiyana. Ndatsala ndi funso limodzi kwa bambo Gama kapena achimwene a ku Ndirande. Kuchokera mu 1909 kufika mu 1924 ndi zaka 15, nanga Sullivan ankadya chiyani m'zaka zimenezo, ndipo kodi luso lake linatsika limodzi ndi chuma chake?

A Gama

Luso silinatsike, mayi, chimene chinachepa ndi kukula kwa ntchito. M'zaka zimenezo ankajambula makamaka mabanki ang'onoang'ono m'matawuni a alimi, ndipo onse pamodzi alipo 8. Yoyamba ndi National Farmers' Bank ya ku Owatonna ku Minnesota, imene inatsegulidwa mu 1908, nyumba ya njerwa yooneka ngati bokosi, yokhala ndi mawindo awiri akuluakulu okhota a magalasi amitundu, ndipo m'kati mwake muli utoto wa mitundu yambirimbiri. George Elmslie, amene anakhala naye mokhulupirika mpaka mu 1909, anagwira mbali yaikulu ya zokongoletsa za bankiyi, ndipo n'koyenera kumutchula. Ina yotchuka ndi Merchants' National Bank ya ku Grinnell ku Iowa ya mu 1914. Pa malipiro a peresenti aja, banki ya m'tawuni yaing'ono sinkabweretsa ndalama zokwanira kuyendetsa ofesi, choncho ankadalira ngongole ndi mphatso za anzake, kuphatikizapo Frank Lloyd Wright, amene anagwira ntchito kwa Adler & Sullivan kuyambira mu 1888 mpaka atakangana mu 1893, ndipo anayanjananso patapita zaka zambiri.

Mabanki onsewo akadalipo, pamene nyumba zazikulu zambiri za ku Chicago zinagwetsedwa chifukwa malo ake anali odula kuposa nyumbazo. Sitolo ya Marshall Field ya Richardson inagumulidwa mu 1930, Home Insurance Building mu 1931, ndipo Chicago Stock Exchange ya Adler & Sullivan inagwetsedwa mu 1972, pamene wojambula zithunzi Richard Nickel anafera m'mabwinja ake akuyesa kupulumutsa zokongoletsa za Sullivan. Chipinda chochitira malonda cha m'nyumbayo chinamangidwanso m'kati mwa Art Institute of Chicago, ndipo khomo lake lalikulu laima panja pa nyumba yomweyo, imene mbali yake yoyamba inajambulidwa ndi Shepley, Rutan ndi Coolidge, olowa m'malo a Richardson aja.