"Madzi saiwala khwawa": kodi ndi mawu oti nkulemba pa chiliza?

Mwana wa ku Namiasi:
Akuluakulu, ndithandizeni nzeru. Mwezi wamawa tikuvundukula chiliza cha bambo anga, ndipo abale andisiyira ine ntchito yosankha mawu olemba pamwala. Vesi tinagwirizana kale, 2 Timoteo 4:7. Koma ndimafuna pakhalenso mawu a makolo athu, ndiye ndinasankha akuti "Madzi saiwala khwawa." Bambo anapita ku migodi ya ku South Africa ndi Wenela, bungwe lolemba anthu ntchito kumeneko, ali mnyamata, nkubwerako mu 1974 boma litaletsa maulendowo ndege yonyamula Amalawi ogwira ntchito ku migodi itagwa ku Francistown. Kenaka anapitanso paokha, nkukhala zaka zambiri ku Johannesburg. Atayamba kudwala anati ndikafere kwathu, ndipo agona pafupi ndi amayi awo. Kwa ine mwambiwu unkanena za iwowo. Dzulo nditawawerengera azakhali, nkhope yawo inasintha. Akuti, "Mwana iwe, ukufuna anthu akatiloze zala kumanda? Mwambi umenewo timanenera munthu amene wabwerera ku khalidwe lake loipa." Usiku wonse sindinapeze tulo. Wolemba pamwala akufuna mawuwo Lolemba. Tanthauzo lake ndi liti?

Nabanda, Monkey Bay:
Pepani achimwene. Ine mwambiwu ndinaumva kwa agogo anga aakazi tsiku limene sindidzaliiwala. Amalume anali atasiya kachasu, mpaka kulowa kwaya. Patatha miyezi isanu ndi umodzi, mwana wina anabwera kudzanena kuti awapeza ali gone kuseri kwa nyumba ya mayi wotcheza. Agogo anali akuyanika usipa pathandala. Sanatukule mutu, anangopitiriza kuyala nsombazo ndi dzanja, nkunena chapansipansi kuti madzi saiwala khwawa. Misozi inali ikugwera pa usipa pomwepo. Azakhali anu akunena zoona.

Mphunzitsi wopuma, Malindi:
Mayi Nabanda, agogo anu sanalakwe, koma anagwira mbali imodzi. Tiyambe tafunsa kuti khwawa nchiyani. Khwawa si mtsinje. Miyezi yambiri limakhala louma, mbuzi zimadutsamo, ana amasewera mumchenga wake. Mlendo sangadziwe kuti mumayenda madzi. Koma mvula ikagwa kumapiri a Namizimu, madzi amatsika njira yomweyo ya chaka chatha, osafunsa munthu. Choipa chili pati pamenepo? Agogo anga ankanena mawuwa akulandira mwana wawo amene anasowa zaka khumi ku Salisbury. Anamuphera tambala. Mwambiwu ndi wa kubwerera kwanu, mwanawe lemba usaope.

Nabanda, Monkey Bay:
Aphunzitsi, kumanda kukakhala anthu a agogo osiyanasiyana. Ena akawerenga ngati inu, ena ngati ine.

Mdzukulu wa asodzi, Makawa:
Kwathu agogo aamuna sankaunena za mowa kapena za ulendo. Ankaunena munthu akamakumba maziko a nyumba pamalo otsika. Ankaloza ndi ndodo mpaka pamtengo wa mlambe, nkumati mu 1980 nyanja inafika apa, musanamizidwe ndi mchengawu. Anthu ankawaona ngati okalamba ovuta. Mu 2024 nyanja itakwera, tinaona nyumba ndi malo ogona alendo m'mbali mwa nyanja zili m'madzi mpaka m'mawindo, ndinakumbukira ndodo ija. Kwa ine ndi chenjezo basi, loti chimene unalanda mwini wake adzachifuna.

Mphunzitsi wopuma, Malindi:
Mwandithandiza kunena, mdzukulu. Madziwo anabwerera kwawo! Ndiye ndikunenazo. Onaninso Shire yemweyu amene timawoloka pa mlatho pa boma la Mangochi. Kuyambira cha mu 1915 nyanja inatsika kwambiri mpaka madzi anasiya kutulukira mu Shire kwa zaka pafupifupi 20. Pakamwa pa mtsinje panadzala mchenga ndi bango. Nyanja itadzazanso, madzi sanakumbe njira yachilendo, anatsata yakale yomwe ija kudzera ku Malombe mpaka ku Liwonde. Tsegulaninso Mlaliki 1:7, akunena za mitsinje yothira m'nyanja nkubwerera kumene inachokera. Bambo a mnyamatayu ndi choncho. Za munthu wobwerera ku zoipa Baibulo lili ndi mawu ena, Miyambo 26:11, za galu ndi masanzi ake. Tisasakanize ziwirizi.

Che Mwenye a ku Namwera:
Ife Asilamu tikamva za imfa timanena kuti ndife a Mulungu ndipo kwa Iye tidzabwerera, mawu a mu Surat Al-Baqara. Ndiye maganizo a aphunzitsi sindikuwaona achilendo. Komabe mwanangu, anganga anga ankayankhula Chiyao, Chichewa anachiphunzirira pamsika, ndipo mwambi uwu ankauponya akakwiya. Sindinawamvepo akuunena akusangalala. Pamwambo ungathe kuimirira nkufotokoza chimene ukutanthauza, koma mwala udzakhala wokha zaka makumi, iwe kulibe. Mawu ofuna womasulira ine sindingawaike pamenepo.

Nangozo, Nkope:
Koma ndayamikira kuti mwana wa masiku ano akufunsa. Anzake angolemba RIP pa WhatsApp ndi kachithunzi ka nkhope yolira, basi maliro atha. Mwezi watha pa chinkhoswe cha mwana wa mchemwali wanga, woyendetsa mwambo anauza mkwatibwi kuti "chikomekome cha mkuyu," akuyesa akumutamanda kukongola. Sadziwa kuti mwambiwo umatha ndi nyerere zili m'kati. Amayi a mtsikana anangoweramitsa mutu, ife tonse manyazi.

Nabanda, Monkey Bay:
Zimenezo nzoona amayi. Mdzukulu wanga amanditchula kuti masteni. Ndikamupatsa moni amati bho. Ndinamufunsa kuti khwawa nchiyani, akuti mwina ndi mtundu wa nsomba. Mwana wobadwira pa nyanja pano.

Mphunzitsi wopuma, Malindi:
Kale m'kalasi la Chichewa mwana ankaloweza miyambi, nkuimirira kupereka chitsanzo chake. Madzulo kunali nthano pamoto. Lero aliyense maso ali pafoni, agogo ali pakhonde okha. Nchifukwa chake miyambi ikutsala ndi tanthauzo limodzi lokha, lokalipira, chifukwa ana amaimva pokhapokha akalakwa. Uwu wa khwawa wavulala choncho. Poyamba unali wa chikondi cha kwanu.

Mtsikana wa ku Mpondasi:
Agogo, ndikupempha ndiyankhepo mwaulemu. Ine ndili ndi zaka 22. Mukuti sitidziwa miyambi, koma onani pano, akuluakulu anayi mwapereka matanthauzo atatu. Ife titsate uti? Agogo anga anamwalira ndili wakhanda, amayi amachoka m'bandakucha kukagula nsomba kudoko, amabwera atatopa. Tikafunsa timauzidwa kuti ana inu simudziwa kanthu. Ine ndawerenga zonsezi ndipo lero ndi tsiku loyamba kumva kuti khwawa limauma. Tiphunzitseni, tikufuna.

Nangozo, Nkope:
Wayankhula bwino mwanawe, koma anzako ambiri ukawakonza amakuseka. Vuto ndi limenelo.

Mwana wa ku Namiasi:
Zikomo nonse. Madzulo ano ndinabwereranso kwa azakhali, ndinawapeza akusenda chinangwa, ndinakhala pansi nkuwawerengera zonse mwalembazi. Anamvetsera mpaka kumapeto. Kenaka anandiuza chimene sindinkachidziwa. Akuti bambo atabwerako mu 1974 analonjeza amayi awo kuti sadzapitanso. Anagula ukonde, anakwatira. Tsiku limene ananyamukanso, ine ndili kumsana, agogo anaima panjira akuyang'ana basi ikupita, nkunena mawu omwewa. Khwawa limene ankanena agogo linali msewu wa ku Joni. Azakhali akuti akamva mwambiwu amaona amayi awo ataima panjira paja. Sanandiletse. Angoti, "Ndi bambo ako, koma ndi mlongo wanganso."

Mphunzitsi wopuma, Malindi:
Ndamva, ndipo zandikhudza. Komabe mwanawe taganiza, pa misewu iwiriyo madzi anathera kuti? Anathera ku Namiasi, pafupi ndi mayi yemweyo amene anaima panjira. Ine ndikadali pomwepo.

Che Mwenye a ku Namwera:
Aphunzitsi, amene adzakhale kutsogolo tsiku limenelo ndi azakhaliwo, osati inu kapena ine.

Mwana wa ku Namiasi:
Ndamuimbira wolemba pamwala, wavomera kudikira mpaka Lachinayi. Mawa ndikupita ku Chimwala kwa amalume aakulu, iwonso analipo tsiku la basi lija. Ngati wina akudziwa mwambi wina wonena za munthu wobwerera kwawo, umene agogo anu ankaunena akusekerera, ndilembereni pano.