Matipa a mchenga akutithera gombe ku Chintheche, tikasume kuti?

Admin chonde ndibisireni dzina.

Abale anga ndipatseniko nzeru. Ine ndimakhala kuno ku Mzuzu, ku Chibavi, koma kwathu ndi cha ku Chintheche, m'mphepete mwenimweni mwa nyanja. Amayi akadali komweko pa malo amene anasiya malemu bambo. Zaka ziwiri zapitazo kunabwera kontilakita wina kudzakumba mchenga. Poyamba anali anyamata a mafosholo ndi tipa imodzi, sitinadandaule, poti ena mwa iwo ndi ana a m'mudzi momwemo ofuna ya sopo. Pano abweretsa katapila, ndipo matipa amayamba kulowa kusanache.

Sabata yatha ndinapita kukawazonda amayi. Mtengo wa mango umene bambo ankasokerapo maukonde, mizu yake ili pamtetete, ikulendewera ngati zingwe. Chimbudzi chinagumukira m'madzi nthawi ya mwera. Ndinawerenga mapazi kuchokera pogumukapo kukafika pa manda a bambo, 14 okha. Tulo sitinabwere usiku umenewo.

Kwa amfumu tinapita, anati munthuyo ali ndi mapepala a boma. Tinapempha kuti tiwaone, mpaka lero ziii. Kapitawo wawo anandiyankha monyoza kuti vuto si iwo, nyanja inadzadza yokha mu 2024, ndikafunse amene amatsekula madzi pa baraji ku Liwonde. Zoti nyanja inadzadza chaka chimenecho sindikutsutsa, tonse tinaona malo ogona alendo atalowa madzi ku Mangochi ndi ku Salima. Koma kwa amalume, pafupi pomwepa, kumene sakukumba ndipo bango likadalipo, gombe silinadyeke chonchi.

Malowa ndi a makolo, tilibe pepala lililonse. Khoti lingatimvere? Ine ndimangogulitsa kaunjika mumsika, ya loya ndilibe.

Mphunzitsi wa ku Katoto: Pepani achemwali. Kusowa pepala kusakufooketseni, malo a makolo lamulo limawadziwa. Komanso nkhani yanu si ya mwini malo ndani, ndi ya kuwonongedwa. Lamulo la zachilengedwe la 2017 limati munthu aliyense ali ndi ufulu wokhala pamalo aukhondo ndi osaika moyo pachiswe, ndipo angathe kukadandaula ku khoti. Mchenga nawonso sakumba mwachisawawa, wochita bizinesi ayenera kukhala ndi chilolezo. Lembani kalata kwa DC ku Nkhata Bay kudzera kwa ofisala wa zachilengedwe, ina ipite ku MEPA, bungwe la boma loteteza zachilengedwe. Funsani ngati munthuyo ali ndi chilolezo, komanso ngati chikutchula malo akukumbawo. Kalata yanu yotsala nayo akudindireni chidindo ndi tsiku. Zapakamwa zimauluka.

Mnyamata wa Kabaza Luwinga: Amfumuwo anadya kale za tipa, musavutike 😂

Nya Zolozolo: Aise, mnzathu akulira manda a bambo ake, iwe ukuseka?

Bambo wa ku Mchengautuwa: Mayi, pamene padzavute ndi pomwe pakubisala kapitawoyo. Ku khoti loya wawo adzaimirira pa kudzadza kwa nyanja, inu mudzafunika kuonetsa kuti kukumbako ndi kumene kwakulitsa vuto. Mchenga wa pagombe ndi umene umaphwanya mphamvu ya mafunde, ukachotsedwa mafunde amamenya dothi lenileni, n'kumadya pansi mpaka pamwamba pagwe. Ndiye za kwa amalume anuzo ndi umboni wanu waukulu. Jambulani malo awiriwo tsiku limodzi. Khomani zikhomo kuyambira pa manda, muziyeza ndi tepi mwezi ndi mwezi, osati mapazi. Wina azilemba m'kope manambala a matipa ndi masiku. Sakaninso zithunzi zakale za maliro kapena zaukwati zoonetsa pamene gombe linkalekezera.

Mwini funso: Zikomo bambo. Zithunzi zomangira chiliza zilipo mufoni ya mlongo wanga, nyanja ikuoneka patali ndithu. Nanga chiletso sitingatenge kuti ayambe aleka kaye?

Bambo wa ku Mchengautuwa: Chimatengedwa, ndipo High Court ili konkuno ku Mzuzu. Koma dziwani kuti popempha chiletso mumalonjeza kuti mukadzaluza mlandu mudzabweza zimene winayo wataya pa nthawi imene anaimitsidwa. Musalowe nokha. Pitani ku Legal Aid Bureau, ofesi yawo ilipo mutauni muno, amathandiza osowa ya loya.

Mayi wa ku Kande: Mukamapita mutengane ndi mabanja ena oyandikana nawo, asodzi omwe ngati doko lawo lawonongeka. Munthu mmodzi amamuopseza msanga. Amayi anu asamakangane ndi anyamata a matipawo ali okha.

Mwini funso: Mabanja okhudzidwa tilipo asanu, awiri akuopa chifukwa ana awo amapakira mchenga komweko. Loweruka ndikwera minibasi ya m'mawa ndi tepi ndi zikhomo. Amene ali ndi chitsanzo cha kalata yopita kwa DC anditumizire kudzera kwa admin.