Tadala wapeza filimu yake yoyamba: timuthandize bwanji?

Amayi a Tadala: Mwaswera bwanji nonse. Tadala amusankha kukhala mkulu wa kamera pa filimu yaitali, koyamba chiyambire ntchitoyi. Ayamba kujambula mwezi wamawa, masiku 18. Ndimati tisonkhe timugulire kamera.

Malume: Nkhani yokoma, mlongo wanga! Ndiye kuti iyeyo ndi dayilekitala?

Tadala: Ayi malume. Dayilekitala amatsogolera nkhani ndi ochita sewero. Ine changa ndi chimene woonera adzaone: kuwala kuchokere kuti, tigwiritse lenzi iti, kamera iime pati, isunthe liti. Zaka zisanu ndakhala wothandizira, kunyamula magetsi ndi kutchera lenzi kuti nkhope zisaoneke mwachimbuuzi.

Azakhali: Nanga malipiro, mwana wanga? Ine mtima wanga uli pamenepo.

Tadala: Ndisakunamizeni azakhali. Filimuyi ilibe kampani yaikulu kumbuyo kwake. Andipatsa pang'ono panopa, zotsalazo filimu ikadzagulidwa, ndipo mwina siidzagulidwa. Koma amene amalemba anthu pantchito yathuyi amayamba afunsa kuti aone zimene unajambulapo.

Malume: Basi, kamera tigule.

Tadala: Pepani, kamera ayi. Opanga filimu abwereka kamera yotchedwa ARRI Alexa kwa obwereketsa zipangizo, ndipo mtengo wake banja lonse sitingaukwanitse. Komanso kamera sizichedwa kutha fasho, pomwe lenzi yabwino ungagwire nayo ntchito zaka 20.

Chikondi: Zoona. Paja filimu ya Tangerine ija anaijambula ndi foni ya iPhone 5s, koma inakaonetsedwa ku Sundance, chionetsero chachikulu cha mafilimu ku America, mu 2015.

Tadala: Eya achimwene, ndipo pa mafoniwo anamangirirapo malenzi apadera. Chimene chikundisowetsa tulo ndi ma hard drive, zipangizo zosungiramo zojambula. Zojambula za tsiku lililonse ziyenera kusungidwa malo awiri. Imodzi ikafa tilibe inzake, tsiku lonse lapita, ndipo ndalama zoitananso anthu palibe. Makamaka zithunzi za dzuwa likamalowa, kuwala kuja sikutha ndi ola lomwe.

Azakhali: Agogo ndawawerengera. Akufunsa ngati amuna a kumeneko adzamumvera mwana wamkazi.

Tadala: Awuzeni kuti akazi ndife ochepadi. Ma Oscar, mphoto zazikulu za mafilimu ku America, anayamba mu 1929, koma mkazi woyamba kulowa m'gulu lopikisana pa mphoto ya mkulu wa kamera anali Rachel Morrison mu 2018. Mkulu wa magetsi ndamusankha ndekha, tagwirapo limodzi, amandilemekeza.

Malume: Ndamva. Ma hard drive awiri choyamba, zikatsala tionjezere lenzi. Chikondi, iwe usonkhanitse.

Chikondi: Chabwino malume. Tumizani pofika Lachisanu la sabata yamawa kuti akhale ndi nthawi yoziyesa. Tadala, undilembere mtundu weniweni, ndisakagule zolakwika.

Tadala: Ndikutumizirani usiku uno. Zikomo kwambiri nonse.

Amayi a Tadala: Wa galimoto amene angamakamutenge akaweruka usiku anene, masiku ena azimaliza mochedwa kwambiri.

Malume: Sabata yoyamba ndi yanga.